Suti ya Agogo ndi Mzere wa pa Mpopi

Ndili Folomu 3, kunyumba kwathu ku Chiwaridzo, ku Zimbabwe, kunabwera mayi wina wojambula mafilimu. Ankafuna kujambula agogo aamuna, omwe anachoka ku Dedza ali mnyamata n'kugwira ntchito mumgodi mpaka maondo anakana.

Mayiyo anali atajambula kwa zaka zambiri. Anakhalapo nyengo yonse ya fodya pa famu ina ku Matepatepa, kenako ndi othyola malalanje ku Mazowe. Sankafunsa mafunso, sankaika nyimbo, ndipo m'mafilimu ake munalibe munthu wofotokoza. Ankangoimika kamera n'kudikira. Anationetsa imodzi: mzimayi akusankha fodya, osayankhula. Patapita nthawi, amayi anga anafunsa kuti filimuyo iyamba liti.

Agogo anavomera pa chifukwa chimodzi. Mlongo wawo adakali moyo ku Dedza, ndipo mayiyo analonjeza kuti filimuyo ikamufika. Agogo sanabwerereko chichokereni, choncho ankafuna kuti mlongo wawoyo aone kuti sanatayike.

Kwa iwo kujambulitsa kunali kumodzi, kuja kwa anyamata a m'migodi potumiza chithunzi kumudzi. Anavala suti, n'kukhala pampando panja, manja pamaondo, maso pakamera. Mayiyo anawauza m'Chishona kuti azingochita zimene amachita masiku onse. Anayankha kuti masiku onse amakhala chonchi. M'buku lomwe ndinkalembamo zochitika za tsiku ndi tsiku ndinalemba kuti linali bodza, koma laling'ono.

Anakhala choncho masiku atatu. Mayiyo sanadandaule. Anajambula zonse, ngakhale ntchentche imene inatera pa tayi.

Tsiku lachinayi madzi anatuluka pa mpopi wa mumsewu wathu, atasowa sabata yathunthu. Agogo anadzuka, kutenga ndowa ziwiri, n'kupita ndi suti yomweyo. Pamzerepo bambo wina anawalowerera kutsogolo. Agogo anamukalipira m'Chishona, n'kupitiriza m'Chichewa, n'kumalizira m'Chilapalapa, chilankhulo cha pansi pa mgodi chomwe ife sitimva. Kamera inali pambuyo pawo.

Atabwerako, thalauza litanyowa, anauza mayiyo kuti achotse gawo limenelo, chifukwa mlongo wawo angaganize kuti ku Zimbabwe anabwerera kudzalimbirana madzi. Mayiyo anati achotsa ngati akufunadi, koma ayambe aona zonse ziwiri.

Tinaonera pa kompyuta yake. Agogo anadziona atakhala pampando, nthawi yaitali. Kenako anadziona akuloza munthu ndi ndowa. Anapempha kuti abwereze.

"Mwanangu," anatero kwa mayiyo, "wa pampandoyo mlongo wanga sangamudziwe. Akanena kuti mwamutumizira m'busa."

"Ndiye za pa mpopi ndisachotse, agogo?"

"Musachotse. Koma mawu awiri otukwana a Chilapalapa aja muwachepetse. Mwamuna wa mlongo wangayo anagwirapo mumgodi, ndipo anamuphunzitsa."

Mayiyo anati mawu sawachepetsa. Agogo anaganiza pang'ono, n'kunena kuti chabwino, mlongo wawoyo naye pakamwa pake sipanali pa tchalitchi.