Chishango cha madala a ku South Bend

Zaka ziwiri ndinagwira ntchito yosamalira madala ena ku South Bend, mzungu wobadwira ku Ireland. Anali ovuta, tiyi akazizira pang'ono ankangomukankha. Koma ndinkawakonda.

Pabalaza pawo panali kachishango kamtengo, kojambulidwa gwape ndi dzanja lofiira. Ankati ndi chizindikiro cha banja lawo, monga ife tili ndi mfunda. Ali mnyamata anakachiona m'nyumba yosungiramo zizindikiro za mabanja ku Dublin, n'kusemetsa chawo. Nyumbayo inatsekedwa, koma iwo ankaiyendabe m'maganizo atatsinzina pampando, kunditchulira mbendera, zidindo ndi mbale, chipinda ndi chipinda. Ndinkatopa nazo, kunena zoona.

Chimene chinkawadya mtima n'chakuti mwana wawo mmodzi yekhayo, wa ku Indianapolis, adzalandire chishangocho. Anayambana kalekale, foni sankaimbirana.

Mmawa wina ndikupukuta fumbi, chishango chinazungulira pamsomali, nsonga n'kuloza kudenga. Ine sindinaone vuto. Madala atalowa anaima pakhomo, maso ali pachishangocho.

“Wakuuza ndani?” anandifunsa.

“Za chiyani, bambo?”

“Kwathu timachizondotsa banja likatha, womaliza akamaikidwa m'manda.”

Ndinapepesa, ndinachikonza. Mawa lake ndinachipeza chazondokanso. Madalawo dzanja silinkakwera kupitirira phewa, ndipo m'nyumbamo munalibe wina. Ndinanamizira msomali, koma mantha ndinali nawo.

Loweruka anandipempha kuti ndikachipereke kwa mwana wawo. Ndinachikulunga m'chitenje n'kuyendetsa galimoto mpaka ku Beech Grove, dera la ku Indianapolis kumene mwanayo ankakhala. Ndinagogoda, zii. Mayi woyandikana naye nyumba anatuluka n'kundiuza kuti mwini wakeyo anamwalira Lachiwiri. Analibe mkazi kapena mwana, ndipo anthu sankadziwa kuti bambo ake alipo. Ndinawerenga masiku pa zala. Fumbi lija ndinapukuta Lachiwiri.

Njira yonse yobwerera ndinkakonza mawu, chifukwa uthenga wa maliro sitingoutula ngati mtolo wa nkhuni. Ndinapeza madala atakhala moyang'anizana ndi msomali wopanda kanthu. Anaona chitenje m'khwapa mwanga, ndipo sanandifunse za ulendo.

“Pachika, mwanawe,” anatero. “Chozondoka, mmene chinalili tsiku lija.”