Thumba la Chigamba Chakuda

Ndikukumbukira ndili ndi zaka khumi ndi chimodzi, amalume Yona atasandutsa chipinda chapansi cha nyumba yathu ku Brampton, pafupi ndi Toronto, kukhala malo odulira mafilimu. Munthu wosakhazikika ngati ameneyo sindinamuonenso. Akaweruka kuntchito sankavula n'komwe jekete. Ankangotsikira pansi, kubweza tepi, kuyendetsa, kubwezanso, mpaka ine mutu waa.

Matepiwo anali a boma lakale la kwathu ku Zambia, nthawi ya chipani chimodzi, pamene wailesi inkalalikira kuti chuma n'cha tonse. Tepi ina inkaonetsa azimayi a ku Katete atasenza matumba a chimanga, mzere wosatha, onse akumwetulira. Amalume anachotsa nyimbo n'kuchedwetsa zithunzi. Apo m'pamene ndinaona thumba la chigamba chakuda likudutsa, kenaka likudutsanso, likudutsanso. Wolisenza anali mtsikana wa chipsera pachipumi. Chipseracho ndinkachiona tsiku ndi tsiku. Anali amayi anga.

Ndinathamanga kukawaitana. Anatsika ali m'yunifolomu yawo yosamalira okalamba, anayang'ana, nkhope gwa.

"Achimwene, mukufuna anzanga akutchalitchi akandiseke? Ndiduleni."

"Ndikakudulani inu, filimu palibe," anatero amalume.

Filimuyo inkayenera kuonetsedwa Loweruka muholo ina ku Toronto. Sabata yonse awiriwo sanalankhulane. Ine tulo osabwera, kusukulu osamva kanthu, manyazi atandigwira ngati wosenza thumbayo ndinali ine. Potsiriza ndinawafunsa amayi, m'Chinyanja changa chopunduka, kuti nanga ankamwetuliranji.

"A boma ankatiuza kuti tizizungulira kuseri kwa nkhokwe n'kubweranso, zokolola zioneke zambiri," anatero. "M'thumbamo munali zitsononkho zokhazokha. Chaka chimenecho tinkadya mango owiritsa. Wosamwetulira ankamuchotsa pamzere wa ufa."

Kenaka anatsikira kwa amalume. "Musadule. Koma mujambule mawu anga."

Muholo muja zithunzi zinkayenda pang'onopang'ono, mawu a amayi akutchula mzerewo mmodzimmodzi. Uyu ndi Tisauke, mwana wake sanafike pa masika. Uyu ndi Enelesi, ankasenza ali ndi pakati. Uyu ndine. Palibe amene anaseka. Mayi wina wa ku Malawi amene anakhala pafupi nane anagwira pakamwa mpaka magetsi atayaka.

Zaka zapita. Tsopano ndimamvetsa chimene chinawapweteka amayi. Amalume, ndi chilungamo chawo chonsecho, ankachita zomwe boma lija linachita, kugwiritsa ntchito nkhope ya munthu osamufunsa. Kachiwirinso amayi akanasenza thumba la eni ali duu, akanapanda kukana.