Lichero la amake Fiskani

Amake Fiskani, a Edda aja amakhala dera la Balga, anabwera kuno ku Perth kuchokera kumudzi kutsatira amuna awo amene amagwira ntchito kumigodi. A Edda anapeza ntchito yokolopa pa kafakitale kena ka chokoleti, mwini wake mzungu dzina lake Fraser. Zaka zisanu akukolopa, makutu ali tcheru. Fraser ndi wolongolola, ndiye tsiku ndi tsiku ankafotokozera makasitomala kuti chokoleti chinayambira cha ku Mexico uko, komwe makolo akale ankapera koko pamwala n'kumamwa chowawa, atathiramo tsabola. Shuga anadzathiramo ndi azungu a ku Spain, basi dziko lonse kupenga nacho. A Edda nkhanizi ankabwera nazo kutchalitchi, kusimba ngati analipo.

Ndiye kunabwera korona, malire n'kutsekedwa. Isitala ili pafupi, makina ouluza mankhusu a koko anafa. Wodziwa kukonza anali ku Melbourne, mzinda wa chigawo china, kulowa kuno sakanatha. Fraser anasonkhanitsa antchito n'kuwauza kuti chokoleti choumbidwa ngati mazira ndicho chimayenda malonda pa Isitala, ndiye mazira amene masitolo anaoda akapanda kupita, atseka fakitale, ntchito ithera pompo.

A Edda anasuzumira m'matumba a koko wokazinga uja, woswedwa kale koma wosakanikirana ndi mankhusu, n'kuona kuti sakusiyana ndi mtedza. M'mawa mwake anatulukira ndi lichero, lija anachoka nalo kumudzi n'kuvutika nalo pa eyapoti apolisi a zomera akulitembenuza uku ndi uku. Analitsuka, kuliyanika, n'kukhala kuseri kwa fakitale kuyamba kupeta. Mankhusu kuuluka, koko kutsala yekhayekha. Fraser atayesa, theka linathera pansi.

"Bwana, mapewawo asiyeni, ntchito ili m'manjamu," anamuuza choncho m'Chingerezi chawo chija.

Lichero limodzi silikanakwanitsa, ndiye madzulo anaimbira foni amayi akutchalitchi. Zinapezeka kuti pafupifupi nyumba iliyonse, kuyambira Balga mpaka Ellenbrook, ili ndi lichero lopachika kukhoma ngati chokongoletsa. Anabwera anayi, masabata awiri akupeta, miseche ili mkati.

Mazira anapita nthawi yake, fakitale sinatsekedwe. Makina atakonzedwa Fraser anawakweza a Edda, pano ndi iwo amakazinga koko. Akuti wotchi sayang'ana, amangomva fungo n'kunena kuti wapsa, phulani. Koma chokoleticho iwo sadya ayi, akuti chimawapweteketsa mano.