Zombi si Ndondocha

Mwana wanga akusewera gemu ya mazombi pafoni. Kubuula kumeneko ndimakudziwa.

Ndinayamba kukumva m'kachipinda ka magemu kuseri kwa msika wa Tsoka, monunkha thukuta ndi mafuta a chipisi. Achimwene anga anali atangomwalira, ndipo anthu ankanong'ona kuti wina anawasandutsa ndondocha. Choncho zombi iliyonse ndinkayamba ndayiyang'ana nkhope. Ndisanamalize, inali itandiluma kale.

"Iwe, wombera m'mutu, usamale zipolopolo!" anakalipa mwini magemuwo. "Ukufuna uyipatse moni?"

"Nanga akakhala achimwene?"

Anandiyang'ana, n'kutsitsa mawu. "Mphwanga, izi n'zakunja. Achimwene ako mulibemo."

Tsiku limenelo ndinaziwombera zonse. Pa akuluakulu onse amene anabwera pamaliro paja, palibe anandiuza zomveka ngati mkulu ameneyo.