Thalauza la dona pansi pa chitenje changa

Mpaka lero ndikakumbukira thalauza lija mtima umandiwawa. Bambo ake mwana anali telala pakhonde la sitolo pa Mangochi, ndiye dona wina wachizungu wa ku esiteti ya fodya kumapiri a Namwera anawabweretsera nsalu kuti amusokere thalauza lokwerera hatchi. Chinthu chake chachilendo: m'ntchafu chofufuma ngati thumba, kumiyendo chothina, timabatani mpaka mu akakolo, m'kati mwa mawondo zigamba zachikopa kuti chishalo chisamusupule.

Tsiku lina masana analibweretsa kunyumba.

"Amake mwana, thupi lanu n'lofanana ndi la dona. Tavalani ndione msoko."

"Ine? Thalauza? Mukufuna andimange?"

Masiku amenewo lamulo silinkalola mkazi kuvala thalauza, aliyense ankadziwa.

"Muno ndi m'nyumba, akuonani ndani?"

Ndinavala. Anandikhazika chotangadza pa thumba la chimanga, ati ndiye hatchiyo, iwo n'kumakoka nsalu, mapini ali kukamwa. Zenera osatseka! Mayi woyandikana nafe anadutsa ndi ndowa, anasuzumira, ndowa n'kuisiya pomwepo, liwiro.

Posakhalitsa tinamva "Odi!" Anyamata a chipani, malaya ofiira. Mabatani aja kukana kumasuka. Ndinangomanga chitenje chokhwekhwereza pansi, n'kubereka mwana, khanda loyamwa, m'mutu muli chimodzi chokha: akanditenga ine, ameneyu ayamwa chiyani?

"Mayi, tamva kuti muno amuna alimo awiri," anatero wamkulu wawo, anzake n'kuseka. "Thalauza lili kuti?"

Ine ndinagwada ngati ulemu, chitenje n'kuphimba mapazi. Poti thalauzalo analisokera munthu wopinda mawondo, silinang'ambike. Anyamata aja anavundukula mphasa, anakhuthula sutikesi, anapisa ndi m'thumba la chimanga momwe. Ine chigwadire, pini ikundibaya m'ntchafu, mwana wandikodzera kumsana, mkodzo ukutsikira m'nsalu ya dona. Sindinagwedezeke. Atatopa anapempha madzi akumwa, ndinati bambo awatungire, atamwa n'kumapita.

Mwezi womwewo ndinamuona donayo pamsika, atavala thalauza lomwelo, poyera, akusankha chambo. Anyamata omwe aja anali pomwepo. Wina mpaka anamunyamulira dengu! Ine amene ndikanasiyana ndi mwana wanga chifukwa cha chovala cha eni ndinaima kumbuyo.

Madzulo bambo ake mwana ati dona wadandaula kuti thalauza lili ndi kafungo.

"Lili nako ndithu," ndinatero. "Sindinalichape. Ulendo wina akabwere ayese yekha pathumbapo."