Boma linakumba munda wanga ku Lirangwe popanda ngakhale odi

Munda wanga boma linaukumba osandipempha, osandilipira. Zaka zapita zambiri, koma ndikakumbukira ndimanyansidwa mpaka pano.

Inali nthawi ija ya makhadi a chipani. Lachiwiri m'mawa ndikupita kukapalira, ndinangopeza buludoza ili pakati pa chimanga chofika m'mawondo, malole atatu ali pamzere. Kapitawo wawo akuti dothi langa lili ndi miyala yabwino yothira mumsewu. Ndinafunsa amene wawaloleza. Akuti, "Mayi, ife tangotumidwa. Kafunseni ku boma."

Munda umenewo anandisiyira ndi amayi anga. Kwathu kuno munda ndi wa mkazi, mwamuna amabwera kudzakhala chikamwini. Theka lake ndinali nditalonjeza Esinati, mwana wanga wamkazi mmodzi yekhayo, kuti akakwatiwa amange pafupi nane. Nanga popanda munda mkamwini angakhale bwanji?

Lachinayi ndinakwera basi ya 6 koloko, 45 tambala, mpaka mu Blantyre. Pakhomo pa ofesi chinthu choyamba kufunsa, khadi. Ndinaonetsa. Ndinakhala pabenchi kuyambira 8 koloko mpaka 2 koloko masana, mimba ili pululu. Kalaliki anandiitana akutokosa m'mano ndi kamtengo ka machesi, osandiyang'ana n'komwe. Akuti, "Amuna anu ali kuti? Za malo sitikamba ndi azimayi. Fomu ikufuna mutu wa banja."

Ndati mundawo ndi wanga. Akuti fomu sidziwa zimenezo.

Chabwino. Sabata yotsatira abambo akunyumba anajomba ku bwalo la ndege ku Chileka komwe ankasesa. Tinapita awiri, iwo atavala jekete la kutchalitchi. Kalaliki yemwe uja. Anawafunsa kwawo. Iwo, munthu wosadziwa kunama, akuti ku Mdeka. Kalaliki anaseka mpaka kugwira pamimba. "Ndiye ndinu mkamwini? Mkamwini anayamba liti kukhala ndi munda? Abwere mwini wake."

Mwini wakeyo ndili pompo, phewa kugundana ndi la mwamuna wanga! Ndati ndine ndili pano. Akuti, "Ndanena kale, azimayi ayi."

Abale inu, ndiye munda unali wa ndani? Wa mbuzi?

Apa mtima unandikwera. Ndinawauza kuti uku ndi kuba masanasana. Kalaliki anaika cholembera pansi n'kutsitsa mawu. "Paja agogo anu anachokera kwa Apwitikizi? Munda anabwera nawo atausenza pamutu? Kapena mukudana ndi chitukuko, tilembe zimenezo?" Amene munaliko mukudziwa kuti ukalembedwa zimenezo unkatha kungosowa. Mwamuna wanga anandifinya dzanja. Ndipo ine, wolandidwa ndemwe, ndinanyonyomala n'kuti zikomo bwana. Zikomo ameneyo amandinyansa kuposa china chilichonse.

Anthu a buludoza aja anakumba miyezi iwiri n'kupita. Anasiya chidzenje choti ng'ombe ikagweramo situlukanso. Kukwirira ayi. Chipepeso? Ngakhale tambala wakuda.

Kenako Esinati anapeza mwamuna womufunsira. Ankhoswe akuchimuna atabwera kudzaona pomwe mwana wawo adzalime, anaima m'mphepete mwa dzenjelo n'kungoyang'anizana. Pobwerera anapempha chitengwa, kuti Esinati akakhale kwawo kwa mwamuna, ku Mwanza. Ndikanakana ndi pakamwa pati? Anapita. Ana ake anayi anabadwira komweko, ndipo akabwera amandipatsa moni atapinda manja ngati ndine mlendo.

Anzanga, mukaona anthu akukhoma zikhomo m'munda mwanu, musadikire buludoza. Funsani pepala, funsani dzina la amene wawatuma, itanani mbumba yonse iime nanu pomwepo.

Ndipo inu a boma, poti masiku ano pakamwa panatseguka, ndiyankheni. Za ndalama ndinatopa nazo. Ndakalamba, mtsuko wa madzi sindingathenso kuusenza, ndipo mwana amene akanamanditungira munamuthamangitsa ndinu. Ndiye anditungire ndani?