Mayi Tsache ndi Nyuzipepala ya Lachisanu

Tsiku limene lole inabwera kudzanyamula makina osindikizira, Mayi Tsache anaima pakhonde manja ali m'khosi. Anali atagwira ntchito pa ofesi ya nyuzipepalayo zaka makumi awiri ndi zitatu. Ankasesa, ankawiritsa tiyi, ndipo Lachinayi lililonse ankapinda nyuzipepala mpaka zala kuda bii ndi inki. Dzina lawo lenileni anthu anali ataliiwala kalekale.

Inali nyuzipepala yaing'ono, ya masamba asanu ndi atatu, ndipo anthu a m'tauniyo ankangoitchula kuti "ya Lachisanu". Inkalemba za maukwati, maliro, mpira, mitengo ya pamsika ndi ana okhoza mayeso. Koma anthu atayamba kuwerenga nkhani pafoni, ogula anachepa. Kenako mkonzi wake anadwala matenda opha ziwalo, basi chitseko chinatsekedwa.

Owerenga anzanga, gwirani mfundo iyi. Mayiwa anali wamasiye wa zaka makumi asanu ndi ziwiri, ntchito yatha, ndipo sankadziwa kuwerenga. Zaka zonsezo ankapinda nkhani zimene sankazimva.

Patapita miyezi iwiri, nyumba ija inasanduka sitolo ya zipangizo zomangira. Tsiku lina Mayi Tsache analowamo kukagula loko, ndipo anapeza mwini sitolo akung'amba nyuzipepala zakale zimene zinatsala m'chipinda cha kuseri. Patsamba limene ankakulungira misomali panali chithunzi cha malemu amuna awo, amene ankayendetsa makina aja.

"Bambo, chonde pepalalo ayi," anatero Mayi Tsache. "Amenewo ndi amuna anga."

"Pepani mayi, sindimadziwa," anayankha mwini sitolo. "Koma mapepalawa akundithera malo. Ngati mukuwafuna, tutani lisanafike Loweruka. Apo ayi ndiwotcha."

Anatuta pamutu masiku anayi, mtolo ndi mtolo, khosi mpaka kuuma gwa. Mapepala anadzaza kuchipinda, eni ake n'kusamukira pabalaza. Achimwene awo atabwera kudzacheza anaseka mpaka kugwira m'mimba.

"Achemwali, mwaitanira chiswe phwando! Munthu wosadziwa ndi 'a' yemwe, mapepala onsewa mudzawatani?"

"Lero sindidziwa," anatero Mayi Tsache. "Koma mutu ndikadali nawo."

Lolemba lotsatira anakalembetsa kusukulu ya akuluakulu. M'mawa ankachapira anthu zovala kuti apeze chakudya, masana n'kukakhala pabenchi ya ana, mawondo akugunda desiki. Sizinali zophweka. Zala zozolowera tsache zinkathyola pensulo, ndipo "b" ndi "d" ankawaona ngati mapasa. Mayeso oyamba analephera. Anzawo atatu amene anayamba nawo anasiya, iwonso anakhala kunyumba mlungu wathunthu, manyazi atawagwira.

Aphunzitsi awo, mtsikana wa msinkhu wa mwana wawo, anawalondola kunyumba.

"Amayi, tisiye kaye buku la kusukulu. Kodi chilipo chimene mumafunitsitsa mutawerenga nokha?"

Mayi Tsache anatulutsa tsamba lija, likadali ndi dzimbiri la misomali. Linawatengera milungu itatu, liwu ndi liwu, chala chili pamzere. Nkhaniyo inkati amuna awo sanajombepo Lachinayi ngakhale limodzi. Mzere womaliza unkati malemuwo asiya mkazi wawo, "mnzathu wa pantchito pano", ndipo panali dzina lawo lenileni, losindikizidwa bwinobwino. Analiwerenga kawiri, misozi ili chuchuchu. Linali litakhala pamenepo zaka khumi ndi chimodzi, eni ake osadziwa.

Kuyambira tsiku limenelo palibe anawaletsa. Anasanja nyuzipepala zonse potsata masiku ake, ndipo anapeza kuti zokwana makumi asanu ndi limodzi zinasowa, zina makoswe anadya, zina zinaola ndi denga lodontha. Anayamba kuyenda khomo ndi khomo kuzifunafuna. Ena ankawathamangitsa poganiza kuti akupempha. Ena ankanong'onezana kuti mutu wawo wasokonekera chifukwa cha kutha kwa ntchito. Iwo ankangoti zikomo, n'kugogoda khomo lotsatira. Imodzi anaipeza itayalidwa pansi pa sutikesi, ina kwa wometa tsitsi, ina itamatidwa pakhoma la telala.

Chaka chachitatu kunabuka mlandu. Munthu wina wachuma anayamba kumanga mpanda pabwalo la mpira la sukulu ya ana ya m'tauniyo, akuti malowo ndi a makolo ake. Mphunzitsi wamkulu anasowa pogwira, chifukwa makalata a sukulu anapsa kalekale. Mayi Tsache atamva, anakumbukira kuti anawerengapo za bwalolo. Anafufuza masiku awiri, ndipo anapita kusukuluko atanyamula nyuzipepala yofiirira ndi ukalamba.

"Aphunzitsi, taonani tsamba lachitatu."

Panali chithunzi cha bambo ake a wachuma uja akupereka bwalolo kwa ana a sukulu, tsiku lake ndi mayina a mboni zili pomwepo. Akuluakulu oona za malo ataona, analamula kuti mpanda ugwetsedwe.

Mbiri inawanda. Anthu omwe aja amene ankawatsekera zitseko anayamba kubwera okha, nyuzipepala zakale zili m'manja.

Koma Mayi Tsache anaona kuti mapepala okha sakukwana. Ndani anayambitsa nyuzipepalayi? Makina oyamba anachokera kuti? Amene ankadziwa anali mkonzi yekha, ndipo thupi lake linkatha tsiku ndi tsiku. Choncho Lachiwiri lililonse ankapita kukakhala pambali pa mpando wake ndi kope. Mkuluyo ankayankhula movutikira, liwu limodzi n'kupuma, koma anafotokoza zonse: za mlembi wa kupositi amene anaiyambitsa ndi tsamba limodzi lokha, za chaka chimene madzi osefukira analowa mu ofesi koma nyuzipepala n'kutulukabe, za tsiku limene analakwitsa n'kulengeza maliro a munthu wamoyo, mwini wake n'kubwera kudzagula makope khumi.

Zolemba zoyamba za mbiriyi aphunzitsi a kusukulu ya akuluakulu aja anazibweza zili psuu ndi inki yofiira. Mayi Tsache analembanso. Zinabweranso zofiira. Analemba kanayi konse, maso akuwawa, mpaka anagula magalasi.

Patatha zaka zisanu ndi ziwiri chitsekereni ofesi ija, kabuku ka mbiri ya nyuzipepalayo, ka masamba 54, kanasindikizidwa, makolo a pasukulu ya bwalo lija atasonkherana ndalama. Kope loyamba anapita nalo kwa mkonzi. Mkuluyo analisisita ndi dzanja lake lamoyo.

"Mayi," anatero pang'onopang'ono, "atolankhani ndinali nawo asanu. Palibe anabwera. Mwabwera ndinu."

Mkonziyo anamwalira mvula isanagwe, mbiri ya ntchito yake itasungika.

Lero nyuzipepala zija zili m'chipinda chakechake mu laibulale ya sukuluyo, ndipo woziyang'anira ndi mayi omwewa. Ana akafuna kudziwa za tauni yawo amafunsa iwo.

Tsono inu amene mukuti zaka zapita, sukulu inakukanikani, ntchito yatha ndipo anthu akukusekani, tamverani. Mayi awa anagwira pensulo koyamba imvi zitamera kale. Analephera, anachita manyazi, koma anabwerera pabenchi. Inunso bwererani. Musataye mtima, abale anga, pakuti amene akupuma sanachedwe.